Mphonje Zinayi

Anabwera Lachitatu, mawawa akuwaza pa malata a Taifa,
nsapato zake zitasenza matope ofiira a ku Luwinga.
M'jumbo anatulutsa nsalu yoyera ya mizere yakuda,
yothetheka pakhosi ngati kolala ya mphunzitsi wopuma,
nati m'Chichewa chake chotsimphina:
A telala, mundisokere apa,
koma mphonje zinayizi musazikhudze.

Ndinayesa ndi chofunda cha kuzizira kwa Juni.
Iye anaseka. N'chofunda cha pemphero,
cha agogo ake, Myuda wosoka nsapato,
amene anaoloka nacho malire usiku
atachizenga m'chiuno ngati lamba.

Dzina lake Nafitali.
Amakonza makina oyezera magazi ku Sentulo.
Anakhala pa benchi langa la mwendo umodzi waufupi,
ine ndikufuna ulusi woyera wosayeretsetsa,
pakuti nsalu yakale imakana ulusi wa dzulo.

Kwathu, anatero, lilipo pemphero
losanyamuka anthu asanakwane khumi.
Bambo atamwalira ndinapita kukawalira.
Ndinapeza asanu ndi anayi.
Mkulu wa pakhomo anatiwerenga ndi maso,
atafika pa ine anadumpha
monga mudumphira chithaphwi,
nati, tidikire wina.
Tinadikira, ine ndili chilili, chofundachi paphewa,
mpaka anakaitana mnyamata wa pa golosale.
Mlandu wanga ndi Ilani,
mwamuna amene ndagawana naye bulangete zaka khumi ndi zinayi.

Phazi langa linaima pa chopondera.

Koma nyumba ya pemphero si imodzi, anapitiriza.
Patapita zaka tinapeza ina, pamwamba pa sitolo ya njinga:
zilembo zomwezo, kuyambira kumanja kupita kumanzere,
maliridwe omwewo a agogo.
Kumeneko anandiitana ndi dzina langa ndi la bambo,
ndipo Ilani anandigwirira mpukutu kuti usatsekeke.
Chichewa chanu n'chochenjera, a telala:
mawu ndi amodzi,
kuwerenga buku, kuwerenga anthu.

Sindinayankhe. Ndinaluma ulusi.

Ine ndili ndi ana asanu.
Ku tchalitchi akandifunsa ndimati anayi,
ndipo lilime silipunthwa n'komwe.
Penjani amakhala ku Mchengautuwa,
chipinda chimodzi, iye ndi mnzakeyo,
mnzake amene dzina lake ndimalidziwa koma sindinalitchulepo.
Amake amamutumizira nyemba pa kabaza,
amayesa sindiona thumba likuphwa.
Tsiku lina tinakumana pa Katoto,
ine ndinaweramira tayala la njinga
ngati laphulika.

Makina ndinawasiya. Ndinasoka ndi manja,
pang'onopang'ono, singano ikufunsa kaye nsalu.
Mphonje sindinazikhudze, monga anandiuzira,
koma maso sanaletsedwe:
pa ngodya iliyonse mfundo zisanu.
Ndinawerenganso. Zisanu.
Imodzi inali yofooka, yakuda ndi thukuta la zala,
komabe inali pamzere ndi zinzake.

Analipira, nafunda chofunda chake kuti ayese,
pakati pa ogulitsa zitenje ndi mafoni,
mwamuna wamtali wa ndevu za imvi
atatseka maso kamphindi.
Mayi wa pa shopu yoyandikana anafunsa ngati wadwala.
Ndinati ayi, akuyesa msoko.

Faifi itakwana ndinakhoma loko.
Nkhungu inali itatsika kale kuchokera ku Kaning'ina.
Wakabaza wanga wa masiku onse anati, Chibavi, dada?
Ndinati Mchengautuwa.
Anandicheukira kawiri.

Sindikudziwa chimene ndikanene pakhomopo.
Mwina sakanditsegulira, ndipo sakalakwa.
M'thumba ndili ndi tepi yanga yokha.
Mapewa ake ndinawayeza komaliza ali Fomu 2,
mainchesi khumi ndi anayi ndi theka,
ndipo m'tauni muno mukuzizira,
mwana sangakhale opanda jekete.